Kodi Dziko Limakoma Ife Tikachokapo?

Funso la sabata ino silinachokere m'buku lathu. Linabwera ndi mnyamata wina wa m'gulu la achisodzera, amene anaona pa foni ya mkulu wake chithunzi cha mwana wa chimbalangondo akudziyendera m'tchire, wonenepa bwino, wosaopa kanthu. Atauzidwa kuti tchirelo ndi malire a nkhondo, kumene munthu saloledwa kupondako, anakhala chete pang'ono kenako n'kuti, "Ndiye kuti chilombo ndife." Tinaseka. Koma kusekako sikunapite patali, chifukwa panalibe amene anali ndi yankho lapafupi.

Tiyambe ndi malowo. Korea linali dziko limodzi, la chilankhulo chimodzi, kwa zaka mazanamazana. Japan inalilamulira kuyambira 1910 mpaka 1945, ndipo itagonja pa nkhondo yachiwiri ya padziko lonse, America ndi Soviet Union anagawana dzikolo potsata mzere wa pa mapu, eni ake osafunsidwa. Pa 25 Juni 1950 nkhondo inabuka pakati pa kumpoto ndi kummwera, ndipo inapha anthu mamiliyoni. Pa 27 Julaye 1953, pa malo otchedwa Panmunjom, anasainirana pangano loleka kuwomberana. Tionetsetse apa: linali pangano loleka kuwomberana chabe, osati la mtendere, ndipo la mtenderelo silinasainidwe mpaka lero. Asilikali a mbali iliyonse anabwerera m'mbuyo makilomita 2, motero pakati panatsala kachigawo ka makilomita 4 m'lifupi ndi pafupifupi 250 m'litali, kodula dziko lonse kuchokera kugombe la kumadzulo kukafika kugombe la kummawa. M'lifupi mwake munthu atha kudutsa pa ola limodzi akuyenda wapansi, kukanakhala kuti n'kotheka. Amakatcha DMZ, kutanthauza malo ochotsedwamo zankhondo. Dzinalo n'lonyenga, pakuti m'mphepete mwake monse muli waya waminga, nsanja za alonda ndi mizinga, ndipo m'nthaka muli mabomba okwirira osawerengeka. Kupatula timidzi tiwiri, Daeseong-dong chakummwera ndi Kijong-dong chakumpoto, simukhala munthu wamba.

Pamene pangano lija linkasainidwa, malowa anali phulusa. Ku Cheorwon kunali tauni ya njanji ndi minda ya mpunga, tauniyo inafafanizika. Phiri lina la pafupi pomwepo, lotchedwa Baengma, analandirizana maulendo 24 m'masiku 10 okha mu Okutobala 1952. Kenako anthu anachoka, makasu anagona. Minda ya mpunga inasanduka madambo, mitengo inamera m'mabwinja, mitsinje inayenda mmene ikufunira. Lero akatswiri a boma la South Korea awerengamo, pamodzi ndi madera ozungulira, mitundu yoposa 5,000 ya zomera ndi zamoyo zina, ndipo pafupifupi 100 mwa mitunduyi ndi imene ili pafupi kutheratu m'dzikolo. Muli akatumbu, nguluwe, amphaka am'tchire, mbuzi za m'matanthwe, ndi timbawala topanda nyanga koma ta mano aatali otulukira kunja. Chimbalangondo chija chinajambulidwa mu 2018 ndi kamera yomangirira pamtengo. Makolo athu anati njovu zikamamenyana umavutika ndi udzu. Kuno njovu ziwiri zangoima n'kumayang'anizana kwa zaka zoposa 70, ndipo udzu wapeza mpata wokula.

Ndiye mnyamata uja sanalankhule zopusa. Ife tomwe, tikakweza maso kuona mapiri amene makolo athu ankawadziwa ali ndi mitengo yowirira, timadziwa kuti sanawamete ndi afisi. Funso lake limatipweteka kwambiri ife Abahá'í, chifukwa timaphunzitsa kuti munthu analengedwa wolemekezeka, ndipo tawerenga kambirimbiri mmene 'Abdu'l-Bahá amayerekezera dziko losasamalidwa ndi tchire la minga, limene limafuna mlimi kuti likhale munda wobala zipatso. Nanga bwanji kuno mlimi atachoka m'pamene dziko latsitsimuka? Kodi munthu ndi mlimi wa dziko, kapena ndi dzombe lake?

Tisanayankhe, tichotse kaye bodza limodzi limene chithunzi chokongola chingatilowetse m'mutu, loti nkhondo ndi bwenzi la nyama. Anansi athu a ku Mozambique akhoza kutiuza. Pa nkhondo ya pachiweniweni ya kuyambira 1977 mpaka 1992, ija inathamangitsira anthu pafupifupi miliyoni kuno ku Malawi, nkhalango ya Gorongosa inataya nyama zikuluzikulu zoposa 90 pa 100 zilizonse. Asilikali anjala anadya njati ndi mbidzi, minyanga ya njovu inagula zipolopolo. Nyamazo zayamba kubwereranso m'nthawi ya mtendere, ndipo zabwerera ndi thukuta la anthu. Umo ndi mmene nkhondo imachitira nthawi zambiri. Ngakhale ku Korea komweko, bomba lokwirira silifunsa ngati wapondayo ndi msilikali kapena nguluwe. Asilikali amatentha tchire kuti aziona patali. Mu 1968 ndi 1969 anapopera mankhwala oumitsa masamba m'mphepete mwa malire chakummwera. Ndipo pali nkhani ya mtengo umodzi imene tiyenera kuidziwa. Pa Panmunjom panali mtengo wa popula umene nthambi zake zinkatchinga alonda kuti asaonane ndi anzawo. Pa 18 Ogasiti 1976 gulu linapita kukausadza, mkangano unabuka, ndipo akuluakulu awiri a asilikali a America anaphedwa ndi nkhwangwa. Patapita masiku atatu kunabwera asilikali mazanamazana, ndege zankhondo zikuzungulira kumwamba, kudzagwetsa mtengo umodziwo. Dziko linatsala pang'ono kulowanso m'nkhondo. Apa tikuona poyera kuti mantha sakonda mtengo. Amausiya pamene sukuwasokoneza, ndipo tsiku limene wawatchinga maso amaudula.

Tsopano tikhale pang'ono pa mbalame imodzi, chifukwa ndi imene yatithandiza kwambiri kuganiza. Akoreya amaitcha durumi. Ndi yoyera ngati kakowa koma yaikulu kwambiri, yofika pafupifupi mita ndi theka ikaima, ya khosi lakuda ndi kadontho kofiira pamutu. Yaimuna ndi yaikazi zimakhalirana zaka zambiri, zimavina ndi kuimba pamodzi, n'chifukwa chake kumeneko ndi chizindikiro cha moyo wautali ndi kukhulupirika. Ili pa ndalama yachitsulo ya 500 won ya ku South Korea. Padziko lonse zatsala masauzande ochepa chabe. Zimene zimabwera ku Korea zimaswana m'madambo a ku Russia ndi kumpoto chakummawa kwa China, ndipo chisanu chikayamba zimauluka kudzathera nyengoyo ku Cheorwon, zikudutsa pamwamba pa waya waminga popanda chiphaso.

Munthu angaganize kuti zimabwera chifukwa kulibe anthu. Ndi zoona pang'ono chabe. Usiku zimagona m'madzi osaya a m'malo abata, kumene kulibe magalimoto, nyali kapena agalu. Koma kukacha zimapita kukadya kuti? M'minda ya alimi. Chakummwera kwa DMZ kuli dera lina limene anthu wamba salowamo mwachisawawa, koma alimi amaloledwa kulima mpunga, akudutsa pa zipata za asilikali. Akakolola, pansi pamatsala mpunga wogwa, ndipo khunkha limeneli ndi limene limadyetsa mbalamezi nyengo yonse yachisanu. Alimi ena amasiya dala mapesi m'munda m'malo mowamanga kukagulitsa, ena amathira madzi m'minda yokololedwa kuti mbalame zipeze pogona. Pamene minda yasanduka nyumba za pulasitiki zolimamo ndiwo zamasamba, kapena pamene padutsa msewu, durumi sizitera.

Mbali ina ya nkhaniyi ndi yomvetsa chisoni. Kumpoto kwa malire, m'chigwa cha Anbyon ku North Korea, durumi zinkabweranso chaka ndi chaka. M'zaka za m'ma 1990 m'dzikomo munagwa njala yoopsa. Anthu anatola kanjere kalikonse kogwa m'munda, ndipo mbalame zinaleka kubwera. Palibe amene angawadzudzule anthu amenewo. Ife timaidziwa njala, timadziwa kuti mayi amene mwana wake akulira sangasiyire mbalame khunkha. Koma taonani zimene zikuoneka apa. Mbalame ija siinathawe munthu chifukwa ndi munthu. Inathawa kumene munthu anali ndi njala yosamulola kusiya kanthu, monganso imathawa kumene munthu wakhuta koma safuna kusiya kanthu. Imakhala pamene pali munthu amene amalima, amakolola, ndipo amasiyako. Chilungamo pakati pa anthu ndi chisomo kwa zolengedwa zinzathu sizinali nkhani ziwiri. Tikamakambirana za makala m'dera lathu lino tizikumbukira Anbyon, tisanaloze chala wowotchayo.

Pali mtengo winanso wa nkhalangoyi umene suoneka pa chithunzi. Waya umene watchinjiriza chimbalangondo ndi womwewo umene walekanitsa mayi ndi mwana kwa moyo wonse. Palibe kalata, palibe foni yodutsa pakati pa anthu wamba a mbali ziwirizi. Ku South Korea anthu oposa 130,000 analembetsa kuti aonane ndi abale awo a kumpoto, ndipo oposa theka anamwalira, ambiri asanawaone. Kukumana koyamba kunachitika mu 1985, kenako maulendo angapo kuyambira 2000, ndipo komaliza kunali mu Ogasiti 2018 ku phiri la Kumgang. Ochepa osankhidwa mwamaere ankapatsidwa masiku atatu, maola owerengeka, kenako basi n'kunyamuka, nkhalamba zikugwirana manja pa mawindo. Pa Imjingak, pafupi ndi malire, pali guwa limene anthu amapitapo pa nthawi ya chikondwerero cha masika kukawerama atayang'ana kumpoto, chifukwa manda a makolo awo ali kutsidya. Ife amene timayenda usiku wonse kuti tikafike pa maliro a azakhali tingamve kulemera kwake. Ndiye tisafulumire kunena kuti "zonse zili ndi ubwino wake". Inde, Mulungu amameretsa moyo ngakhale pa bwinja la uchimo wathu, ndipo tikaona zimenezi tiyenera kumutamanda. Koma duwa lomera pa manda silichititsa imfa kukhala yabwino. Amene anakwirira mabomba aja sankaganiza za akatumbu, ndipo sitingawalembere mphotho ya chinthu chimene sanachifune.

Chimene chimatisowetsa tulo ndi ichi: okonda zachilengedwe ambiri amaopa tsiku limene mtendere udzafike ku Korea. Mzinda wa Seoul uli pa mtunda wa makilomita pafupifupi 50 kuchokera pa malirewa, malo ndi osowa, ndipo waya ukadzachotsedwa padzafunika misewu, njanji, mafakitale ndi nyumba. Eni minda yakale kapena zidzukulu zawo adzabwera ndi mapepala. Adzakhala akulakwa? Tiganizire bwino manyazi amene ali m'mantha amenewa. Tikunena kuti chimene udani watha kusunga kwa zaka 70, ubale ungachiwononge pa zaka zochepa. Ife timapempherera umodzi wa mtundu wa anthu tsiku ndi tsiku. Bahá'u'lláh analembera mafumu a nthawi yake kuti ayanjane ndi kuchepetsa zida zawo, ndipo sitikayika kuti waya uja uyenera kuchoka. Koma ngati mtendere wathu ndi chilolezo chabe choti aliyense atenge mmene angathere, ndiye kuti tangosintha amene tikumenyana naye.

Zinayesedwapo kwina. Germany nayo inadulidwa pakati ndi malire a waya ndi mabomba otalika pafupifupi makilomita 1,400, ndipo nakonso mbalame ndi zomera zosowa zinabisala m'menemo. Khoma la Berlin linatseguka mu Novembala 1989. Mwezi wotsatira womwewo, anthu ochokera mbali zonse ziwiri anasonkhana m'tauni ya Hof n'kugwirizana kuti mzere wa imfa uja usungidwe ngati lamba wobiriwira. Sizinayende bwino paliponse, malo ena analimidwa ndithu. Koma mbali yaikulu ilipo mpaka lero, ndipo anthu amayendamo wapansi ndi panjinga. Chimene chikuusunga tsopano si bomba koma chisankho cha anthu amene akanatha kuchita mwina.

Kusiyana kumeneku timakudziwa kwathu konkuno. M'midzi yambiri, pamene mitengo yonse yatha, pamatsala kankhalango kamodzi kowirira: kumanda. Ena amakasiya chifukwa choopa mizimu, ena chifukwa cholemekeza ogona pamenepo ndi lamulo la amfumu, ndipo ambiri a ife ndi zonse ziwiri zosakanikirana. Timadziwanso munda wotsirika, umene wakuba amaulambalala poopa kutupa mimba. Chaka chatha, mitengo imene achisodzera athu anabzala m'mbali mwa mtsinje itadulidwa kupanga mipini ndi zikhomo, mmodzi wa ife ananena mwanthabwala kuti tingomangirirapo kansalu kakuda ndi kufalitsa mbiri yoti tatsirika. Mwina zikanagwira ntchito. Tinakana, osati chifukwa choti ndi bodza lokha, komanso chifukwa choti wakuba woopa chithumwa amangopita pa mtsinje wina. Mantha a mtundu umenewu amalondera malo, sasintha munthu.

Apa wina afunsa, monga anafunsira mayi wina sabata yatha pa nkhani ina: kodi Zolemba zathu sizitamanda kuopa Mulungu? Sizinena kuti chilungamo chimaima pa mphotho ndi chilango? Zimatero ndithu, ndipo sitikunena kuti malamulo a nkhalango ndi alonda ake n'zosafunika. Dziko limene tikukhalamoli likuwafunabe. Koma kuopa bomba ndi kuopa Mulungu n'zosiyana ngati chingwe ndi chikumbumtima. Bomba limakuletsa pamene lakwiriridwa pokha; ukaponda mita imodzi kunja kwa waya, wamasuka. Kuopa Mulungu kumayenda nawe, kumafika kumene mlonda safika, ndipo muzu wake ndi chikondi, kuopa kukhumudwitsa Iye amene anapanga chimene ukuchigwiracho. Bahá'u'lláh amatiphunzitsa kuti cholengedwa chilichonse chimaonetsa china cha mayina ndi makhalidwe a Mulungu. M'buku la malamulo, Kitáb-i-Aqdas, sanaletse kusaka, koma analetsa kusaka mopitirira muyeso, ndiponso kusenzetsa nyama katundu woposa mphamvu zake. Anachenjezanso kuti chitukuko chenichenicho chikapyola malire a muyeso chimabala zoipa. Malire, inde. Koma malire ojambulidwa mumtima, osati ndi waya.

Tikabwerera kwa 'Abdu'l-Bahá ndi fanizo lake la mlimi, tikuona kuti mwina ndife tinkaliwerenga mopereweza. Mlimi si munthu amene amagalauza paliponse pamene khasu lingafike. Agogo athu ankasiya msangu pakati pa munda, ankagoneka tsala kuti nthaka ipume, sankalima mpaka m'madzi. Kudziwa posiya ndi mbali ya ulimi. Ndipo fanizolo kwenikweni limanena za ife eni: tchire la minga lofunika mlimi ndi mtima wa munthu wosaphunzitsidwa. Timaphunzira kuti munthu ali ndi chibadwa cha thupi chimene amagawana ndi nyama, ndi chibadwa chauzimu. Mbuzi ikalowa m'dimba imadya mpaka kukhuta, ndipo siilakwa, chifukwa siingathe kuganiza za mawa kapena za mbuzi ina. Dzombe silisiya khunkha. Munthu wotsata thupi lokha amaposa mbuzi ndi dzombe kuwononga, pakuti ali ndi nzeru, moto ndi makina. Pamenepa mnyamata uja ananena zoona. Koma mwa zolengedwa zonse ndi munthu yekha amene angaone chakudya, ali ndi mphamvu yochitenga, n'kunena kuti ichi ndisiyira mbalame yochokera ku Russia imene sidzandithokoza. Chimbalangondo sichingachite zimenezo. Ndi munthu yekhanso amene angawerenge durumi chaka ndi chaka m'chisanu choluma n'kuda nkhawa zikachepa.

Sitikufunanso kuti tichoke pano ndi maganizo oti tchire ndi lopatulika pokhapokha maso a munthu asalione. Bahá'u'lláh ankakonda kumidzi. Atatsekeredwa mumzinda wa ndende wa 'Akká kuyambira 1868, anakhala zaka 9 osaona zobiriwira, ndipo atatchula zimenezi, 'Abdu'l-Bahá sanagone mpaka anamupezera nyumba ya kumunda ku Mazra'ih mu 1877. Kulanda munthu zobiriwira ndi chilango. Ana a ku Korea alandidwa nkhalango yokongola kwambiri ya dziko lawo, amangoionera pa magalasi oonera patali ali pa nsanja, msilikali ataima pambali.

Pa 27 Epulo 2018, atsogoleri a mbali ziwirizi, Moon Jae-in ndi Kim Jong-un, anakumana pa Panmunjom pomwe paja panagwetsedwa popula. Anabzala mtengo wa paini umene unamera mu 1953. Dothi lake linachokera ku phiri la Halla kummwera ndi la Paektu kumpoto, madzi ake ku mtsinje wa Han ndi wa Taedong. Chakumapeto kwa chaka chomwecho asilikali anayamba kufukula mabomba pa phiri lina ku Cheorwon, napeza mafupa a anyamata amene anagona m'menemo kuyambira nthawi ya nkhondo, ndipo nsanja zina za alonda zinagwetsedwa. Kenako ubale unazilalanso, zokambirana zinaima, ndipo nsanja zinayamba kumangidwanso.

Mnyamata wathu uja tamupempha kuti adzakhale nafe sabata ino, ndipo iye ndi amene adzayambe kulankhula. Wanena kale kuti sanakhutire. Akuti alimi a ku Cheorwon amasiya khunkha chifukwa ali ndi chokwanira, ndipo akufuna kudziwa chimene tingamuuze bambo uja amene anadula mitengo yathu ya kumtsinje, poti tonse tikumudziwa ndipo tikudziwa mmene pakhomo pake palili. Mbande zina 40 zili pa nazale kuseri kwa nyumba imene timakumanamo, ndipo mvula yayandikira. Sitinagwirizanebe ngati tipite kukamupempha bamboyo kuti adzabzale nafe, ndiponso ndani mwa ife angapite.